Kezlyn Kapena Suzgo

Lolemba

Mchombo wa mwana wagwa! Ndatuluka m'chikuta. Dzuwa la kuno ku Lupembe likadali lolusa monga ndinalisiyira. Dzina apereka Lamulungu, abale akaweruka kutchalitchi.

Amunanga atumiza uthenga wa mawu kuchokera ku Joni. Akuti, "Mwanayo akhale Kezlyn. Ndathamanga, tilankhulana." Basi! Munthu anachoka mimba isanaoneke, mwana wake woyamba sanamugwirepo, koma mawu ake onse ndi omwewo. Ndawamvera mpaka foni kutentha. Ndikuimba, yawo yazima.

Dzinalo ine ndalikonda. Sindinalimvepo kwathu ku Salima, kuno ayi, pawailesi ayi. Likumveka ngati la munthu wodzakwera ndege.

Vuto ndi apongozi aamuna. Kuno mtengwa salankhula nawo maso ndi maso. Ndikawaona akubwera ndimapatukira m'nthochi, nsalu kumutu. Mawu onse amadzera mwa alamu anga a Towera, mlongo wawo wa amunanga. Lero abwera ndi chigamulo: "Adada akuti zina lambura ng'anamuro likunjira yayi mu nyumba yawo. Dzina lopanda tanthauzo salifuna. Mukalephera kulimasulira pofika Lamulungu, mwana atenga la malemu azakhali, Suzgo."

Suzgo, ndiye kuti Vuto! Moyo wanga wonse anthu azindiitana anyina Suzgo, pamsika, kusikelo, pamaliro. Mayi wa mavuto. Ayi, ndakana. Tanthauzo ndilipeza.

Lachiwiri

Tikufufuza pa intaneti ndi foni ya a Towera. Netiweki imapezeka pachulu pokha, ndiye ine wochira dzana ndili pachulu, mwana kumsana. Zomwe tapeza:

Tsamba loyamba likuti dzinali ndi latsopano, kumene linachokera sikudziwika. Zikomo kwambiri.

Lachiwiri likuti mwina ndi "wokongola", mwina "wolimba mtima", mwina "nyanja". Tisankhe tokha ngati pa kaunjika.

Lachitatu likutionetsa mawigi.

A Towera apita nalo la "wolimba mtima" kwa apongozi. Sanachedweko. "Akufunsa kuti wanenayo ndi mwana wa yani, wa mudzi uti."

Mwana akuyamwa ngati walembedwa ganyu. Makutu ndi a bambo ake enieni, oima njoo. Ndikawayang'ana mtima ukuwawa. Ndawasowa amunanga.

Lachitatu

Ndaitanitsa a mkulu wa mpingo. Apongozi sangatsutse Baibulo. Abwera ndi magalasi omanga ndi ulusi, atsegula, akunyowetsa chala, akutembenuza. Genesis. Mbiri. Amwa tiyi. Atembenuzanso. Atha nthochi zootcha zomwe anandisungira a Towera.

Pomaliza akuti, "Mulibe, mwana wanga. Koma muli Keziya, mwana wamkazi wa Yobu. Akuyandikana."

Yobu! Wa zilonda uja? Ndithawe Suzgo kuti ndikagwere kwa Yobu? Ndawathokoza, ndagwada, atipempherera. M'pempheromo mwana amutchula "kapolo wanu wamng'ono uyu". Nayenso Mulungu sakudziwa kuti amuitane ndani.

Foni ya ku Joni yazimabe.

Lachinayi

Msuweni wa amunanga, wogwira za katundu pa boda ya Songwe, wafunsa madalaivala a malole. A ku Tanzania akuti si Chiswahili. A ku Zambia akuseka. Che Jafali a pagolosale, kwawo ku Mangochi, akuti si Chiyao, si Chiarabu, koma sopo wa mwana ali naye.

Masana abwera a NyaMsiska oyandikana nafe, akuti adzaone mwana. Mwana sanamuone n'komwe. "Dzina lotere silimera patchire, mama. Mwamuna akalitumiza kuchokera ku Joni, kumeneko lili ndi mwini wake." Aseka, atola dengu lawo, apita.

Mpunga wapserera pamoto ine ndili pomwepo. Ndikumuona Kezlyn ameneyo. Zikhadabo zazitali, buluku lothina, tsitsi lofika m'chiuno. Mwina ndi wa mawigi uja! Ine kuno ndikununkha mkaka, ndikubisala m'nthochi kulemekeza bambo a munthu, munthuyo akutcha mwana wanga dzina la chibwenzi.

Ndalira. Ndaimba. Yazima. Ndaliranso. Suzgo sakumvekanso moipa kwenikweni.

Lachisanu

Ndadzuka ndi nzeru. Ngati tanthauzo kulibe, ndilipanga ndekha. Anthu amapanga zitumbuwa, nanga tanthauzo n'chiyani?

Ndawauza a Towera nkhope ili gwa: "Kauzeni adada kuti ndalipeza. Limatanthauza Bwerani Kumudzi."

A Towera andiyang'ana nthawi yaitali. "M'chilankhulo chanji, mulamu?"

"Cha kumeneko."

Apita. Ndikusuzumira pa mpanda. Apongozi ali pansi pa mtengo wa mango, akusoka ukonde. Amvetsera, asiya kusoka, ayang'ana kumsewu wa tala komwe kumadutsa mabasi. Ndati zatheka!

A Towera abwerera akuyenda pang'onopang'ono. "Akuti limenelo si tanthauzo la dzina, ndi la mtima wanu. Akuti nawonso ali nalo lomwelo. Koma bodza salilola."

Manyazi! Ndinamizire apongozi, andigwire, kenako andimvere chisoni. Lero m'nthochi ndikhalamo mwakufuna kwanga.

Loweruka

Foni yalira ndikuchapa matewera. Ndi amunanga! Ndayankha manja ali thovu. Moni sindinapereke. "Kezlyn ndi ndani?"

Akuti foni inagwera m'damu losambiramo la abwana, abwereka ya mnzawo. Ndati za damu sindinafunse.

Kenako akuti Kezlyn ndi mwana wa abwana awo, kumene amagwira ntchito ya m'maluwa. Kamtsikana kongoyamba kuyenda. Kamawatsatira paliponse, kamazula maluwa omwe adzala, kamawabera chipewa. Tsiku lonse iwo ndi "Kezlyn, siya! Kezlyn, bwera kuno!" Kakagwa amakanyamula ndi iwo.

"Tanthauzo sindikulidziwa, mayi," akutero. "Ndinafunsa adona, akuti anangolikonda. Ine ndinangoti wangayo akakhala Kezlyn, ndiye kuti tsiku lonse ndizikhala ndikuitana mwana wanga."

Ndakhala pansi pamatope pomwepo. Ndafunsa kuti abwera liti. Akuti mapepala akadali ovuta, mwina Khirisimasi. Mwini foni waifuna.

Chibwenzi chija cha zikhadabo zazitali chimavala thewera. A NyaMsiska ndikawaona!

Lamulungu

Abale adzaza pakhonde. Ine ndili kuseri kwa chitseko, nsalu kumutu, khutu pa mng'alu. A Towera afotokoza zonse, za maluwa, za chipewa, za kunyamula mwana wa eni.

Kenako apongozi alankhula m'Chichewa, chomwe sachita, kuti ine kuseri ndimve ndekha: "Mwana wanga akulera wa eni, wake sanamuone. Ndiye si suzgo limenelo?"

Palibe watsutsa. Ngakhale ine.

Mwana ndi Suzgo. Akuti Kezlyn likhale lachiwiri, la kusikelo ndi kusukulu, ndi la bambo ake. Amayi alulutira. A NyaMsiska ayamba kale: "Yewo, anyina Suzgo!" Ndayankha. Nanga ndikanatani?

Alendo apita. Mbale zili mbwee, a Towera agona, mpunga watsala wa mawa. Ndakhala pamphasa ndi mwana. Ndakumbukira kuti Lamulungu amunanga sapita kuntchito, ali m'kachipinda kawo, ndiye lero palibe akuliitana dzinali kumeneko.

Ndaliitana ine, chapansipansi kuti apongozi asamve. Kezlyn, siya. Kezlyn, bwera kuno.