Kanema wa ku Mexico ndi Nkhuku za Nabanda

Lolemba, 8 Juni 1998
Kaseti yafika kuchokera ku Chipata! Kanema wakalekale wa ku Mexico, Chisipanishi chokhachokha. A Zulu, eni ake a nyumba yathu ya vidiyo, akuti, "Wotanthauzira ndiwe, tanthauzira." Chisipanishi sindidziwa ngakhale moni. Basi, mawu ndilemba ndekha. M'kanemamo mwamuna akupepesa mkazi wake. Mkazi wanga Nabanda ali kwa amayi ake ku Ludzi, mwezi wachitatu uno. Anachoka akuti ndimalankhulira azungu a m'makanema tsiku lonse, kunyumba ndili duu. Loweruka amabwera kumsika. Akangolowa, amva pa maikolofoni zonse zimene zimandikanika pamaso pake.

Lachiwiri
Ndaonera theka, batire latha mwamuna atangogwada. Zakwana. Wogulitsa kasetiyi akuti amene analemba nkhaniyi analemba makanema ambirimbiri, atakalamba n'kuyamba za pa TV. Dzina lake ladyeka pa tepi. Mnzanga, kodi nawenso mkazi anakuthawa? Umalemba ngati munthu wodzichapira yekha.

Lachitatu
Zimene ndalemba:
"Nyumba yazizira."
"Pamkeka pako sipanakhale munthu."
"Nkhuku zako zikundiyang'ana moipa."
M'kanemamo mulibe nkhuku. Zikhala momwemo.

Lachinayi
Tikuyeserera. Mwamuna wa ku Mexico akutseka pakamwa msanga, ine ndikadali pa nkhuku. Pofika pa "ndikhululukire", pagalasi pali hatchi. A Zulu aseka mpaka kutsamwa. Ndang'amba masamba atatu, mtima ukuwawa.

Lachisanu
A Zulu akufuna zibakera. "Matenanti a ku esiteti sabwerera misozi." Batire lapitanso kokatchaja ku boma, mapeto sindinawaonebe. Koma munthu wagwada chonchija, angamukane ndani? Uthenga woitana Nabanda ndapatsira alamu. Malaya ndasita. Ndamusowa Nabanda, ndamusowa kwabasi.

Loweruka
Wabwera! Benchi lachitatu, chitenje chobiriwira chija, dengu pamiyendo. Ndayamba kulankhula pa maikolofoni. Pa nkhuku wagwira pakamwa, akuseka! Kenaka mbali imene sindinaione. Mkazi akunyamula sutikesi. Siteshoni. Ine ndikuti, "Akukatenga katundu, abweranso." Sitima ikunyamuka. "Abwera mawa." Mwamuna akukalamba pabenchi lomwelo, imvi mbuu. Matenanti akukuwa, "Wabodza iwe!" Ndangoti duu, maikolofoni ili m'manja.

Lamulungu
Dzulo potuluka Nabanda anandidikira pakhomo. Akuti, "A Phiri, mawu aja ndi abwino. Mukanawanena kunyumba, popanda mzungu." Kenaka n'kukwera matola a ku Ludzi.

Mnzanga wa ku Mexico, iwe unkadziwa, osandiuza. A Zulu akuti mawa tibwerere ku makanema a karate. Nkhuku ndazipatsa madeya. Zikundiyang'anabe.