Maliro a m'holo ya kanema

Mpaka pano ndikamayenda mumsewu waukulu wa Kings Heath, kuno kudziko la azungu, ndimawolokera tsidya linalo, kuopa kuti wina wa pakaholo ka kanema kali pamenepo angandizindikire.

Chinali chaka chomwe mkazi wanga anamwalira. Pamaliro sindinagwetse msozi, ndipo anthu ankandiyamikira kuti ndine wolimba mtima (ine n'kumavomera ngati ndakhoza mayeso). Amene sanakhutire ndi a Banda ndi akazi awo, anzathu akutchalitchi okhala ku Erdington. Loweruka lina masana anabwera kudzanditulutsa m'nyumba.

"Achimwene, khomali muliyang'ana mpaka liti?" anatero a Banda. "Sankhani filimu, tikuperekezani."

Ndinasankha mosamala: filimu yakalekale ya ku Jeremani, yopanda mawu, ya mbava yomwe yatuluka kundende ndipo ikufuna kusiya kuba. Ndinati m'nkhani ya apolisi ndi akuba mulibe chondikhudza.

M'holomo munali azungu okalamba owerengeka, ndi mayi wina woimba piyano kutsogolo. Poyamba vuto anali a Banda, amene ankaonera ngati ali m'kanyumba ka vidiyo ku Kawale.

"Usawatsatire, iwe! Anzakowo ndi omwe anakumangitsa!"

Ndinawagwira bondo, anakhala chete. Mbava ija inakanidwa ntchito paliponse, inavumbwa ndi mvula, kenaka inakwera masitepe n'kugogoda pakhomo pake. Mkazi wake anatsegula, m'manja muli kansalu kopukutira mbale.

Chimene chinatuluka pakhosi panga sindingachitche kulira. Chinali ngati mbuzi yokokedwa pachingwe. Ndinayesa kuchisandutsa chifuwa, chinakana.

Tsono kwathu namfedwa salira yekha. Mayi Banda anachotsa mpango m'khosi, anafunda kumutu, nayamba kundithandiza mokweza, akutchula dzina la malemu. A Banda anayambitsa nyimbo ya maliro ndi besi yawo ya kukwaya ija. Wapiyano anasiya kuimba. Bambo wina wa tochi, wogwira ntchito m'holomo, anatipempha, mwaulemu wochititsa manyazi, kuti tikapitirizire panja.

Podikira basi, Mayi Banda anandipatsa kahanki kawo. "Alamu, mwayamba bwino. Zotsalazo mukamalize kunyumba."

Kunyumba sizinatheke, maso anauma nditangotembenuza kiyi. Ndiye Loweruka lotsatira ndinabwererako ndekha, chipewa nditatsitsira kumaso, kuti ndikamalizire kumpando wakumbuyo (ndi kuonanso ngati mbava ija inasinthadi). Ndinapeza aika filimu ina, yanthabwala. Ndinakhala mpaka kumapeto pakati pa anthu akuseka, kahanki kali kouma m'dzanja.