Mmene ndinasesera nyimbo za apongozi

Anzanga, ukamwini ndi wovuta kale, koma ine ndinawonjezerapo kudzichenjeretsa. Apongozi anga aamuna, a Phiri a ku Sinda, anaphunzitsa kwaya ya mpingo kuyambira ali mnyamata, ndipo anali ndi nyimbo zopeka okha zimene sizili m'buku lililonse. Atayamba kudwaladwala, ine mphunzitsi wa kompyuta ku Vubwi ndinadzipereka kuti ndiziwajambula mawu pa laputopu, adzukulu adzamve.

Mlamu wanga Yotamu, amene amapanga mapulogalamu ku Lusaka, anandiikira kapulogalamu koti chilichonse ndajambula chizikwera chokha pa intaneti netiweki ikagwira. Anandionetsa foda yodzaza timafayilo ta mayina osatchulika. "Alamu, iyi ni laibulale, ndiye inyamula zonse kupeleka pa intaneti. Osaigwira." Ndinavomera ndi mutu, mumtima ndikuti mwana uyu akuphunzitsa mphunzitsi.

Holide yonse ndinajambula osalumikiza intaneti, ndipo itatha laputopu inadzaza. Ndifufute chiyani? Mavidiyo a mpira? Ayi ndithu. Ndinatsegula foda ija, ndinadina kafayilo kamodzi, sikanatseguke, kena sikanatseguke, ndiye ndinati izi ndi zinyalala basi, n'kusesa zonse. Pulogalamu inapitiriza kujambula bwinobwino. Madzulo ndinkakwera pachulu kuseri kwa sukulu, pamene netiweki imagwira ikafuna, nthawi zina ya ku Malawi, n'kumaona kagudumu kakuzungulira pa sikirini. Ine ndinkati kakutumiza. Kodi chinthu chingazungulire miyezi yonseyo osagwira ntchito?

A Phiri anatisiya nthawi ya dzinja. Popita kumaliro njinga yamoto inaterereka pamtsinje, ine matope mpaka m'makutu, laputopu inamwa madzi n'kuferatu. Koma ndinalimba mtima, ndinauza mkazi wanga akulira kuti, "Amake Chisomo, mawu a bambo ali pa intaneti, madzi safikako."

Tsiku la chiliza banja linabwereka sipika yaikulu, poti ndinali nditalengeza paliponse kuti malemu adzatiimbira. Kwaya inakhala pansi pa mtengo, apongozi aakazi kutsogolo. Ndinatsegula akaunti pa foni, ndinapeza fayilo imodzi yokha. Munthu wanzeru akanamvera kaye payekha. Ine ndinaganiza kuti pulogalamu yamanga nyimbo zonse mtolo umodzi, ndinalumikiza sipika, n'kukweza mawu mpaka kumapeto.

Munatuluka mawu anga, a tsiku limene ine ndi Yotamu tinkayesera pulogalamu: "Wani, thu, wani, thu. Yotamu, zikumveka? Tifulumire, achikulirewa akayamba kuimba sasiya, batire lithera pomwepa." Kenako kutsokomola kwanga, basi zii.

Palibe anaseka, ndipo bola akanaseka. Yotamu anandinong'oneza, "Alamu, foda ija?" Ndinati ndinasesa. Anavula magalasi n'kuyang'ana kumunda. Amayi a kwaya anayamba okha nyimbo imodzi ya malemu, koma atafika ndime yachitatu anangong'ung'udza, poti mawu ake ankawadziwa a Phiri okha, ndipo malemuwo anandiimbira ine, kawiri konse, atatsamira khoma akupuma movutika. Pamenepo mtima unandiwawa kuposa tsiku la maliro.

Apongozi aakazi, mwamwambo wathu, chikwatirire mwana wawo sanandiyang'anepo kumaso. Tsiku limenelo anandiyang'ana. Kenako anatembenukira mkazi wanga n'kunena mofatsa, "Uwauze amuna ako asadandaule, batire lawo latsala."

Kuyambira pamenepo sindifufutanso kanthu. Foni yanga yadzaza mpaka ikukana kujambula, ndipo ngakhale chithunzi cha chala changa chotchinga kamera ndimayamba ndafunsa Yotamu ngati sichinyamula kanthu.