Anabwera ndi Matumba Kudzalandira Magemu

Mukadzandiona ku Limbe ndikulambalala msika ngati munthu amene waona apongozi, musadabwe. Kuli amayi ena kumeneko amene mpaka lero akandiona amakweza thumba lopanda kanthu m'mwamba n'kukuwa kuti, “Madala, lero agawa?” Ine ndimangoyang'ana nsapato zanga. Mlandu umenewu palibe anandiphikira, ndinautereka ndekha pamoto.

Ndinagwira ntchito ya umesenjala mu ofesi ina m'tauni mpaka mawondo anayamba kudandaula. Nditapuma, ndinapeza kuti kunyumba kwathu ku Mpingwe kuli kale bwana, ndipo bwanayo ndi mayi a Lusiya, akazi anga. Mwamuna wopuma pa ntchito ali ngati ndowa yobooka, aliyense wodutsa amaisuntha. “Bambo a Lusiya, tapirikitsani nkhuku.” “Bambo a Lusiya, takhalani pa mpopi, madzi akabwera mutiuze.” (Ine munthu amene ndinkalowa m'maofesi a mabwana osagogoda, lero kulondera mpopi!) Ndiye ndinayamba kuthawira kwa Rozina.

Rozina ndi mwana wa malemu mnzanga wa kwathu ku Nsanje. Ali ndi kashopu pamwamba pa masitepe pafupi ndi msika wa Limbe, kochita fotokope, kujambula zithunzi, ndiponso kali ndi makompyuta angapo a intaneti. Ine ndinkangokhala pakona n'kumachedwetsa makasitomala ndi nkhani. Tsiku lina, pofuna kuti ndikhaleko chete, anandiitana.

“Agogo, inu mumakonda zaulere eti?”

“Mwana iwe, ndimazikonda kuposa mayi a Lusiya.” (Musakawauze.)

“Ndiye takhalani apa.”

Anandionetsa sitolo ina ya pa intaneti yogulitsa magemu osewera pa kompyuta. Anati eni ake, azungu a kutali, Lachinayi lililonse amapereka gemu imodzi ulere. Ukangodina batani, gemuyo ndi yako mpaka kalekale. Ananditsegulira akaunti, n'kundiphunzitsa kugwira kodinira kaja amati kambewa, ndipo nditakagwetsa kangapo ndinadina. Pa sikirini panatuluka zachizungu. Ine sukulu ndinalekeza panjira, koma mawu oti zikomo ndimawazindikira m'chilankhulo chilichonse. Abale anga, chibadwire changa mzungu anali asanandithokozepo chifukwa chotenga chinthu chake.

Kuyambira pamenepo Lachinayi linakhala tsiku langa. Ndinkasita malaya, kuvala jekete ya kumaliro ndi kumaukwati ija, n'kutsetsereka ku Limbe ngati munthu amene akudikiridwa. Ndipo ndinkadikiridwadi. Ana a sukulu adzaze bwanji, Rozina ankandisungira mpando wa pakona. “Pamenepo ndi pa agogo,” ankatero. Inu achinyamata simungamvetse. Munthu ukakalamba, malo amodzi amene anthu amakuyembekezera amaposa nyumba yamalata.

Kusewera? Ayi, sindinasewerepo ngakhale imodzi. Ndinkati zimenezo ndi za ana. Kwanga kunali kulandira basi, n'kumaona nkhokwe ikudzaza: tizithunzi ta asilikali, ta magalimoto, ta zinjoka zamapiko, tonse tanga.

Vuto linayambira pa bawo. Pansi pa mtengo wa mango ku Mpingweko timasonkhana madala, ndipo mnzanga weniweni pamenepo ndi a Zuze, amene makolo awo anachokera ku Mozambiki. Tsiku lina anandiyang'ana kuyambira ku nsapato mpaka ku kolala.

“Shamwali, jekete Lachinayi lililonse. Mwapeza mbeta ku Limbe?”

“Ndimakalandira zanga.”

“Zanu ziti?”

“Za azungu. Ndinalembetsa.”

“Nanga bwanji simubwera nazo?”

“Amandisungira konko. Nkhokwe yake ndi yaikulu.”

Werenganinso bwino, muone ngati pali bodza limene ndinanena. Ndinangosiya kuti mitu yawo imalize yokha. Ndipo inamalizadi. Anthu anayamba kundipatsa moni ndi manja awiri. Amayi ankapita kwa mayi a Lusiya kukapempha kuti awanenereko kwa ine, iwo n'kumayankha kuti, “Kaya, ine sindinaonepo ngakhale kasopo.” Anthuwo ankati banja lathu ndi lobisa.

Ndiye Lachinayi lina Rozina anandilandira ndi nkhope ya kuchipatala.

“Agogo, zaulere zija akuti zikutha. Sabata ya mawa ndi yomaliza.”

“Atopa?”

“Kaya, akuti asintha mapulani.”

“Nanga zanga zija alanda?”

“Ayi, zomwe munalandira kale ndi zanu.”

Komabe ndinabwerera mtima uli ndii. Si magemu amene ankandipweteka. Ndinkadzifunsa kuti popanda cholandira, kwa Rozina ndizikapita ngati ndani? Nditafika pa bawo ndinausa moyo kuti onse amve (chisoni chobisa sichikoma).

“Azungu aja akutseka. Lachinayi likubwerali ndi lomaliza.”

A Zuze anasiya nkhomo zili m'manja. “Ndiye ife tinakulakwirani chiyani, shamwali? Mwadya nokha nthawi yonseyi.”

“Amapatsa aliyense. Inu simunafunse.”

“Aliyense?”

“Aliyense. Kwa Rozina, pamwamba pa masitepe.”

Ine m'mutu mwanga ndinkaona a Zuze ndi madala awiri atatu akubwera, ine n'kuwaonetsa tizithunzi tija, tonse n'kuseka. Ndinaiwala kuti nkhani ku Mpingwe siyenda wapansi, imakwera kabaza. Pofika Loweruka anthu ankati akugawa ufa. Potuluka m'tchalitchi Lamulungu unali ufa ndi mafuta ophikira. Lolemba mayi wina anandiimitsa ine mwini wake n'kundinong'oneza kuti akugawanso malata. Pamenepo munthu wanzeru akanazimitsa moto. Ine ndinaseka n'kunena kuti, “Aa, malata okhawo ayi, mwawonjeza.” Iwo anamva kuti zinazo n'zoona.

Tsikulo litafika ndinavala jekete yanga mwa nthawi zonse. Ndikuyandikira msika ndinaona mzere wa anthu, ndipo ndinaganiza kuti mwina kwabwera shuga wotchipa. Mzerewo unayambira pa siteji ya minibasi, kukhota pa ogulitsa kaunjika, n'kukakwera masitepe a Rozina. Ena anali ndi matumba, ena mabeseni, bambo wina wilibala. Aliyense chiphaso cha unzika chili m'manja. Munali anthu a ku Bangwe, ndipo ndinamva kuti ena anachokera ku Ndirande. Anyamata oitanira minibasi anali atadzipatsa okha udindo wolongosola mzere, akukuwa kuti, “Azimayi a mimba kutsogolo! Madala apo osadumpha!”

Ndinafuna kutembenuka ngati munthu amene waiwala china kunyumba, koma a Zuze anali atandigwira kale mkono.

“Afika! Eni ake afika!”

Anthu anaomba m'manja. Anandipatsa njira ngati mkwati. Ndinakwera masitepe aja, ndipo pamwamba ndinapeza Rozina atadzitsekera kuseri kwa chitseko chazitsulo.

“Agogo! Ichi n'chiyani?”

“Mwana wanga, pali kusamvana pang'ono.”

“Pang'ono? Akuti ndikubisa ufa kuseri kwa makina a fotokope!” Anandikoka jekete kudzera m'zitsulomo. “Mverani bwino. Akangondiswera galasi limodzi, musadzapondenso muno. Ngakhale bambo anga adzuke kumanda kudzakupepeserani.”

Sankaseka. Mwana ameneyu ndamuona akukula, ndipo ndimadziwa akamanena za mumtima.

Ndinatembenukira khamu lija n'kunena kuti malo ndi ochepa, asankhe anthu awiri alowe adzaone momwe zimakhalira. Anasankha a Zuze ndi mayi a Dominiko, ogulitsa tomato, mayi wa mikono ngati mitanda ya denga, amene anabwera ndi matumba awiri. Tinalowa. Ndinakhala pa mpando wanga, kugwira kambewa, n'kudina gemu yomaliza ija.

“Basi, ndalandira.”

“Chili kuti?” anafunsa mayi a Dominiko.

“Icho.”

Anawerama n'kuyang'anitsitsa sikirini. Kenako anasuzumira kuseri kwa kompyuta.

“Ichi ndi chithunzi.”

“Ndi gemu, mayi.”

“Amaphika bwanji?”

“Saphika. Amasewera.”

“Madala, ndasiya tomato wanga padzuwa chifukwa cha zidole?”

Ndisanayankhe anali ali kale pakhomo, akulengeza ndi mawu a pamsika. “Ndi zidole! Madala awa amalandira zidole za pa kompyuta!”

Phokoso limene linamveka sindidzaliiwala. Nkhaniyo inatsika masitepe ikukulirakulira, ndipo a kumbuyo sanakhulupirire, anati a kutsogolo akufuna adye okha. Anayamba kukankhana. Chitseko chazitsulo chinkagwedera, wina anaponya chitsononkho chimene chinagunda pawindo, ndipo Rozina anandiyang'ana ndi maso oti tsanzikanani nawo malo ano. Ine ndinkapemphera m'Chisena, chifukwa pa zinthu zoopsa Chinyanja chimachedwa.

Nthawi yonseyi a Zuze anali atawerama, mphuno ili pafupi ndi sikirini. Anali ataona kachithunzi ka lole pakati pa nkhokwe yanga ija. Madala amenewa anayendetsa malole kupita ku Beira unyamata wawo wonse, mpaka msana unawatsitsa. Chiyambire pamenepo sanagwirenso chiwongolero.

“Imeneyi,” anatero, akuloza ndi chala, “imayenda?”

Ine sindinkadziwa. Anayankha ndi Rozina, akukanda khutu. “Imayenda. Ndinaiika pa kompyutayi kalekale, ndimasewera makasitomala akasowa.” (Mwamva? Nkhokwe yanga inali ndi khoswe, ine osadziwa.)

Kaya anaganiza chiyani mwanayo, anaitsegula n'kukweza masipika mpaka kumapeto. Injini inalilima mu shopu monse. A Zuze anandichotsa pa mpando ndi chigongono, osapempha n'komwe.

“Chiwongolero chili kuti?”

“Mabatani awa, agogo. Hutala ndi iyi.”

Anaimba hutala. Pooo! Kunja wina anakuwa kuti, “Lole yafika! Katundu wafika kumseu!” Abale, masitepe aja anayera ngati wasesa. Anthu onse anathamangira pansi ndi matumba awo, n'kukazinga lole ina ya simenti imene inkangodzidutsira. Dalaivala wake sindikudziwa anakafotokoza zotani kunyumba. Atazindikira kuti ndi simenti, ambiri anabalalika akutukwana dzina langa ndi la makolo anga.

Otsala, makamaka madala amene sakanatha kuthamanga, Rozina anawalola kulowa. Anapeza a Zuze ali pa ulendo. Anali atagwetsa kale mapolo a magetsi angapo, ndipo ankakalipira magalimoto onse obwera kutsogolo.

“Anthu a dziko lino ndi oledzera! Onse akuyenda mbali yolakwika!”

“Kumeneko ndi ku Ulaya, agogo, amayenda kumanja.”

“Ndiye aphunzire lero!”

Madala aja anaima kumbuyo kwawo, aliyense akupereka malangizo. Mayi a Dominiko anayala thumba lawo pansi n'kukhalapo, mkwiyo udakalipo koma maso ali pa mseu. “Pang'onopang'ono inu, mupha anthu!” Lole ikakhota, tonse tinkapendekeka. Itafika pa mseu wowongoka, wa mapiri kutali, ndinayang'ana a Zuze. Ndinaona akupukuta m'maso ndi phewa, manja osachotsa pa mabatani.

“Shamwali,” anatero osacheuka, “nthawi yonseyi munali ndi lole, osandiuza?”

Pa zonse zimene ndinanenedwa tsiku limenelo, mawu amenewa okha ndi amene anandilasa.

Anthu atachoka, Rozina anayendera mawindo onse ndi chala, limodzi ndi limodzi, ine ndili chiimire ngati mwana wa sukulu woyembekezera chikwapu. Palibe limene linasweka.

“Mwapulumuka,” anatero. “Muzibwera. Koma mpando ndawapatsa a Zuze. Inu muziima kumbuyo.”

“Ine mwini lole?”

“Mwini lole wosadziwa kuiliza. Mukhale kondakitala.”

Ndi mmene zilili mpaka pano. Azungu anasiyadi kugawa, koma Lachinayi masana madala a pa bawo timakwera masitepe aja, ndipo Rozina amatipatsa kompyuta ya pakona bola tisese tikamachoka. Akuti zimene zili m'nkhokwemo, titati tizisewera imodzi imodzi, tonse tidzaikidwa m'manda tisanafike pakati. Ine ndayamba kuphunzira ya ulimi. Ng'ombe zanga zonse zinathawa, koma ndikulimbikira.

Mayi a Lusiya anandilangiza kuti pa msinkhu wanga munthu akafunsidwa funso aziyankha lonse, osati theka. Ndinavomera ndi mtima wonse. Koma Lamulungu lapitali mkulu wa mpingo wina anandikokera pambali n'kundifunsa kumene madala timapita Lachinayi.

“Ku Ulaya,” ndinatero. “Pa lole ya a Zuze.”

“Malo alipo?”

“Alipo ambiri.”

Ndamva kuti ajambulitsa kale zithunzi za pasipoti. Ndikawafotokozera bwinobwino Lachinayi likubwerali. Kapena linalo.