Tsiku Limene Bazilo Analowa mu Sosi wa Pitsa

Amene akuti ine ndimanama asiye kaye bawoyo, abwere pafupi adzaone chala ichi. Inu a Phiri, musapotoze mlomo, chiyang'aneni bwino. Chala cha munthu chimabadwa chachifupi chonchi? Chimenechi chinalowa mu sosi wa pitsa, muno mu Chilomoni, dzuwa likuswa mtengo, ndipo ngati ndikunama mphenzi indipeze pa benchi pomwe pano.

Inali nthawi ya matipate, anthu amene anathawira kunja atayamba kubwerera. Ine ndinali pa ulova, mkazi wanga Esinati ali ndi pakati pa miyezi isanu ndi itatu, ana awiri pambuyo, tonse tikugona pabalaza pa mlamu wanga ku Bangwe, amene anali atasiya kale kuyankha moni wanga. Ndiye ndinamva kuti a Gondwe, bambo wa kumpoto, afika kuchokera ku Ulaya ndi akazi awo a NyaChirwa ndipo akufuna khukhi, komanso kuseri kwa nyumba yawo kuli kota ya wantchito, zipinda ziwiri, malata, simenti pansi, mpopi pakhomo. Mukumva? Mpopi pakhomo! Ndinavala jekete yobwereka, nkukawauza kuti ine ndine Namakhwa, ndinaphikira ansembe a Chitaliyana zaka khumi. Kwa ansembewo ndinagwiradi ntchito, koma yowaza nkhuni. Kukhitchini ndinkalekezera pakhomo.

Anandilemba, tinasamukira mu kota muja, Esinati nkugona tulo koyamba chaka chimenecho. Koma mwezi usanathe ndinali nditapsereza mpunga kawiri. Lachisanu lina mayi a NyaChirwa anandiitana.

"A Namakhwa, mawa kubwera alendo amene anatisunga kunja kuja. Ndiwakonzera pitsa. Ufa ndikanda ndekha, inu mupange sosi wopaka pamwamba. Kwa Ataliyana munkapanga, eti?"

"Tsiku ndi tsiku, mayi," ndinatero ine, pitsayo ndisanamuonepo ngakhale pachithunzi.

"Chabwino. Akakanika, Lolemba mundibwezere makiyi a kota, ndipeze wina."

Kenako anandikumbutsa, akuti mwina ndaiwala: tomato ndimuviike m'madzi owira kuti khungu lichoke, anyezi ndi adyo ndikazinge pang'onopang'ono m'mafuta, ndithire tomato uja, mchere, kashuga kotsina ndi zala, ziwire mpaka zilimbe. Ine mumtima ndinati aa, pitsa pitsa, kani ndi supu wa ndiwo chabe! Apo mayi anatembenuka ali pakhomo.

"Pomalizira penipeni muikemo bazilo. Mumutsuke bwinobwino. Musamudule ndi mpeni, amada, mungomung'amba ndi manja. Popanda bazilo sosi alibe moyo."

Abale anga, tamverani. Inu nonse mumandidziwa kuti Namakhwa, koma dzina langa la ubatizo ndi Bazilio, ndipo malemu mayi anga, amene anabwera nane kumbuyo kuchokera ku Mozambiki, ankandiitana kuti Bazilo, dzina limene mu Blantyre muno palibe ankalidziwa, ngakhale Esinati ankaliiwala. Nanga mayi awa analitola kuti? Ndipo inu mukukumbuka zimene zinkakambidwa m'maminibasi masiku amenewo, zoti munthu sangabwere kuchokera kunja ndi galimoto ziwiri popanda chizimba, ndipo chizimba chabwino ndi wantchito chifukwa akasowa samusaka kwambiri. Mumutsuke. Mumung'ambe ndi manja. Sosi alibe moyo, ndiye moyowo auchotse mwa ndani?

Mufunsa kuti bwanji sindinafunse. Ndikanafunsa bwanji? Khukhi wa Ataliyana wa zaka khumi afunse kuti bazilo nchiyani, si basi makiyi apita? Ndikafunsa, bodza liululika. Ndikakhala chete, ndilowa mumphika. Ndikathawa, Esinati akachirira kuti, pabalaza pa mlamu wanga, pakati pa mipando? Ndinachita mantha, sindibisa.

Loweruka m'mawa ndinasiya msika wathu wa pafupiwu nkupita ku Zingwangwa, kuti ulendo utalike, moyo nawo utalikeko, ndipo chifukwa mutu sunali kugwira ndinagula tomato yense amene anali mumsikamo, amayi ogulitsa nkupinda masaka awo kuweruka eyiti koloko isanakwane, Zingwangwa yonse nkudya ndiwo zoyera sabata yathunthu mpaka mabanja atatu anatha, ndipo minibasi imene inanyamula tomatoyo inalemedwa moti mitunda yonse inakwera cham'mbuyo, kondakitala akukankha ndi chipumi, dalaivala akuimba nyimbo ya kutchalitchi. Mukumva? Nditafika ndinawiritsa madzi nkuyamba kumuviika. Tomato aliyense amene khungu lake linkasendeka, ine ndinkagwira langa.

Anyezi ndinadula wochuluka moti Chilomoni yense anayamba kulira osadziwa chifukwa chake, anyamata nkuyala masamba pamsewu kuti pali zovuta, azibambo odutsa nkumavula zipewa, okwera njinga nkumatsika, mpaka amayi a mpingo anafika pageti ndi nyimbo ya maliro nkundifunsa kuti watisiya ndani, ine ndinati dikirani pomwepo amayi, sanatisiye, koma ali m'njira. Adyo ndinamusinja mu mtondo, nditamuponya m'mafuta fungo linatuluka pawindo, linadumpha Ndirande, linakafika pa Kameza, maminibasi nkuzungulira raundabauti ija kasanu ndi kawiri akusaka kumene kukuchokera fungolo, ndipo ndege imene inkafuna kutera ku Chileka inayetsemula kawiri nkubwerera kwawo. Funsani aliyense wa ku Machinjiri, akuuzani.

Ndinathira tomato, mchere, kashuga. Tsopano panatsala chinthu chimodzi, ndipo chinthucho chinali ine. Ndiye moto wa stovu ndinauchepetsa mpaka unatsala ngati diso la mphaka, kuti sosi asapse msanga. Ankangoti phwa, nkupuma, phwa, nkupuma, ine ndikutakasa pang'onopang'ono ngati munthu wopita kukhoti, ola loyamba, lachiwiri, lachitatu, madzi onse nkuuma, mtundu nkusintha kukhala wofiira wakuda, mphika umene unali wodzaza ndi tomato wa Zingwangwa yonse nkutsala theka, mpaka mthiko unaima wokha pakati pa mphika osagwa, ukundiyang'ana. Chozengerezera china panalibenso. Kuchipinda chodyera ndinkamva mayi akumenya ufa wawo pathebulo.

Anati mumutsuke bwinobwino. Ndinapita ku kota, ndinasamba katatu, sopo wathunthu nkutha, ndinadzikhula ndi mwala wa kumapazi mpaka m'makutu. Esinati anali atakhala pakhonde, miyendo yotupa ataitambasula, akusoka kamalaya ka mwana. Anandifunsa ngati ndikupita ku ukwati. Ndinangomuuza kuti, "Mayi a ana, ukaona ndachedwa, usadye chilichonse chofiira." Ndinamuyang'ana, ndinayang'ana mpopi uja, mtima nkuwawa kwambiri.

Pobwerera kukhitchini nzeru inandifikira. Mchere suthira thumba lonse. Shuga anati wotsina ndi zala. Nanga Bazilo ananena kuti yense? Sananene. Ndiye ndinasankha chala ichi, chaching'ono cha kumanzere, chimene sichigwira nkhwangwa, ndinachita chizindikiro cha mtanda, ndinatseka maso, nkuchimiza mu sosi wowira uja mpaka pa mfundo yachiwiri. Ululu wake unatsika mpaka kuchidendene nkubwerera, mano anga anamveka ku Misesa, koma sindinachotse, ndinati lowa Bazilo, lowa, ana ako agone m'nyumba ya simenti. Apo chitseko chinatseguka.

"A Namakhwa! Mukutani?"

"Ndikuikamo Bazilo, mayi. Ndayamba ndi chala. Kwinaku ndisiyireni chonde, mkazi wanga ndi woyembekezera."

Anandikoka mkono nkuika dzanja pansi pa mpopi. Ndinaulula zonse, za dzina la ubatizo, za malemu mayi anga, ngakhale za chizimba. Mayi aja anaseka mpaka anakhala pansi pa simenti, akuitana Chiuta m'Chitumbuka, misozi ili mbwembwembwe. Atadzuka anatenga kachitini kamene kanali pawindo, kamene ine ndinkathirira m'mawa uliwonse ndikuyesa ndi duwa lokana kuphuka, anathyola tsamba nkundinunkhiza.

"Bazilo ndi ameneyu."

Ndinanunkhiza. Abale, mpungabwe! Mpungabwe yemweyu timathyola kutchire nkupachika m'nyumba kuti udzudzu uthawe, kungoti uyu anali wa masamba aakulu, mpungabwe wopita kusukulu. Ndinatsala pang'ono kuphikidwa chifukwa cha mankhwala a udzudzu.

Koma chimwemwe changa sichinakhalitse, chifukwa mayi anali atasiya kuseka.

"Ndiye kwa Ataliyana kuja munkaphika chiyani?"

"Nkhuni, mayi."

Makiyi a kota anali m'thumba langa, ndipo ndinayamba kuwamva kulemera kwake. Mayi anatsuka masamba aja, anawang'amba ndi manja, anawaponya mumphika, nkutenga supuni. Analawa. Analawanso. Ine mpweya ndinali nditausiya panja, moti ntchentche inatera pamphuno panga nkuyesa ndafa.

"Mwamuwiritsa nthawi yaitali bwanji?"

"Maola atatu, mayi. Ndimaopa kufika kumapeto."

"Mwati munasamba?"

"Katatu."

"Alendo asamve. Makiyi sungani. Mawa muyamba kuphunzira mpunga."

Alendo aja anadya pitsa mpaka mbale zinawala osatsuka, mmodzi anafuna kunditenga pa ndege, ine ndinakana chifukwa ndegeyo inali isanachire chimfine cha adyo. Atafunsa chinsinsi cha sosi, mayi anandiyang'ana kudzera pakhomo la khitchini nkuyankha kuti, "Bazilo wabwino, wotsukidwa katatu." Ananama? Sananame.

Patatha masabata atatu Esinati anachira mwana wamwamuna, ndipo kuchokera kuchipatala anabwera naye mu kota momwemo, mmene tinakhala zaka khumi ndi chimodzi. Anafuna kumutcha Bazilio, dzina la bambo ake. Ndinakana. Ndinati mwana wanga sadzakhala ndi dzina lothira mundiwo.

Mwati bwanji a Phiri? Chala ichi chinadulidwa ndi chitseko cha minibasi pa Kameza, inu mulipo? Eya, munalipo, sindikukana. Koma dzifunseni nokha, ndi zala zingati zimene chitseko chija chinamenya osadula? Changachi chinaduka chifukwa chinali chophikaphika kale.