Khoti Linayamba ndi Mutu wa Telala

M'dziko lina la mtendere wosaneneka munali mudzi umene dzina lake sitilitchula, poopa kuti nafenso angatiyeze mitu. M'mudzimo munali mayi wachitsikana, Nangondo, amene tulo tinamuthawa chifukwa cha mwana wake Tiyanjane. Mwanayo anali ndi zilonda m'miyendo, m'mimba namo mosaleka kutsekula. Ana ambiri anali choncho chiyambire pamene fakitale yofufuta zikopa inayamba kutayira zonyansa zake mumtsinje. Madzi anasanduka ofiirira, a thovu, onunkha ngati mbuzi yofa dzana. Mjigo unalipo, koma unafa kale ndipo unkadikira nyengo ya chisankho.

Makolo onse ankaona, koma onse anali anzeru. Amuna ambiri, kuphatikizapo bambo ake a Tiyanjane, ankagwira ntchito kufakitale komweko, ndiye aliyense anasunga pakamwa pake.

Amene anakasuma m'malo mwa mudzi wonse anali a Chipwaila, telala wa pamsika. Akazi awo atamwalira, bambowa anadwala matenda a maganizo mpaka kugonekedwa kuchipatala. Anachira, ndipo mankhwala ankamwa mosadumphitsa. Ana analibe. Anangotopa ndi kuchepetsa mayunifolomu a ana amene ankaonda m'malo mokula.

Khoti linabwera kudzakhala m'kalasi ya pasukulu, litanyamula makatoni a madzi a m'mabotolo. Pampando panali Wolemekezeka Woweruza Wosagwedezeka. Loya wa fakitale anadzuka msanga, napempha kuti madzi asanayezedwe, uyambe wayezedwa mutu wa wodandaula. Khoti linaona kuti imeneyi ndi nzeru yakuya, popeza mutu unali pafupi, pomwe mtsinje unali kutali kutsetse.

"A Chipwaila, mwana wanu amene akudwala ndi uti?" anafunsa loya.

"Ndilibe mwana, bwana."

"Nanga chikukupwetekani n'chiyani?"

"Paja mwana wa mnzako ngwako yemwe."

"Khoti lamva lokha," anatero loya. "Munthu wopanda mwana akuti ana a mudzi wonse ndi ake."

Kenaka anaitana Katswiri Wamkulu Woyeza Mitu ya Odandaula, amene ankalemba chilichonse chotuluka pakamwa pa munthu.

"Mumagona bwino, achimwene?"

"Ayi. Ana a anansi amachezera kulira."

"Kusowa tulo," analemba Katswiri. "Za madziwa mumaziganiza kangati?"

"Nthawi zonse ndikamva ludzu."

"Maganizo obwerezabwereza. Nanga mukukhulupiriradi kuti madziwa angaphe munthu?"

"Angaphe, bwana. Botolo lake ndabwera nalo, ili."

"Amayenda ndi botolo," analemba Katswiri, akusuntha mpando wake.

Nkhalamba ina kumbuyo inang'ung'udza kuti wamisala anaona nkhondo. Loya anathokoza agogowo povomereza kuti wodandaula ndi wamisala, ndipo za nkhondozo anati sizikukhudza mlanduwu.

Panapita masiku khoti likufufuza mwakhama. Linadziwa mtundu wa mapiritsi a a Chipwaila, zimene amalota, ndi kuti amalankhula okha ulusi ukaduka. Kumtsinje silinapondeko. Dzuwa linali la mu Okutobala, ndipo makatoni aja anatha tsiku lomwe anati chigamulo chikhala mawa.

Nangondo anachezera kuganiza. Tulo analibe, madzi ankawaganiza nthawi zonse, ndipo ankakhulupirira kuti angaphe mwana wake. Zizindikiro zonse za a Chipwaila anali nazo. Chimene chinkamusunga m'gulu la anzeru chinali kukhala chete basi.

Kutacha anabereka Tiyanjane, natsikira kumtsinje ndi kapu yake ya alendo, ija yamaluwa. Pofika kusukulu anapeza Wosagwedezeka akuwerenga chigamulo chachitali: kuti wodandaula mutu wake sukuyenda bwino, kuti maganizo akuti madziwo ndi oopsa ndi chizindikiro cha matenda ake, ndipo kuti mlandu wathera pomwepo. Pomaliza mawu anali atasasa, kukhosi kuli gwa. Anagwedeza botolo la patebulo, koma munalibe kadontho.

Kwathu kuno mlendo sapempha madzi. Nangondo anafika kutsogolo, nagwada mwaulemu wonse, napereka kapu ndi manja awiri.

"Pepani bwana, takuchedwetserani. Mwatigwirira ntchito yaikulu."

Wosagwedezeka anailandira mosangalala. Itafika pamphuno anagwedezeka.

"Mayi inu! Mwatunga kuti zimenezi? Madzi awa angaphe munthu!"

A Chipwaila anayang'ana kudenga. Nangondo, ali chigwadire, anakonza nsalu yoberekera mwana, nanong'ona mwachifundo:

"Tsitsani mawu, bwana. A Katswiri ali pambali panupo, ndipo cholembera chili m'manja."