Ndinalira Bokosi Lopanda Munthu ku Greenwich

Pali foni imene sindiyankha mwana wanga Tadala ali pafupi, ya kampani yolemba anthu oonekera kumbuyo m'mafilimu. Akangoona dzina lake amaseka mpaka kugwira m'mimba. Ndiye nkhaniyi muimvere kwa ine mwiniwake, iye asanaithire mchere.

Ndimagwira ntchito yosamalira okalamba kuno ku Thamesmead. Tinali ndi mkulu wina wachizungu wokonda mafilimu a ku Japan. Ndikamupititsira tiyi masana ndinkapeza nkhope imodzimodzi pa TV: lero ndi kamtsikana m'filimu yakalekale, mawa ndi mkwatibwi, mkuja ndi apongozi ankhanza, kenako gogo wa ndodo. Mkuluyo anandiuza kuti mayi ameneyu anayamba ali wamng'ono, ndipo mpaka pano, tsitsi lili mbuu, sanasiye.

Nsanje inandigwira, sindinama. Kwathu ku Ntcheu ndinali katswiri wa sewero la Khirisimasi kutchalitchi. Chaka chilichonse ndinkakhala mayi amene asilikali amuphera mwana, ndipo ndikayamba kulira, amayi a kumbuyo ankalira nane zenizeni. Ndinadzifunsa kuti ngati gogo ameneyu akadali pa kanema, ine ndachedwa chiyani? Sabata yomweyo ndinakalembetsa ku kampani ija.

"Mum, you can't even run for the bus," anatero Tadala. (Mwana ameneyu Chichewa amamva chonse, koma amandiyankha m'Chingerezi ngati ndine wa ku khansolo.)

"Udzandiona pa sikirini yaikulu, iwe," ndinamuuza. "Ndipo tikiti udzagula wekha."

Patapita miyezi foni inalira. Ankafuna anthu oima pamaliro, ku Greenwich m'mbali mwa mtsinje, atavala zakuda. Nditafunsa kuti namfedwa ndani, anatchula dzina la mayi wa ku Japan uja. Ndinakhala pansi kaye. Kenako ndinasinthana shifiti ndi mnzanga, n'kulengeza kwa amayi onse a kutchalitchi. Ndinavaladi zakuda, koma m'kati mwa jasi ndinabisa chitenje (mayi wolongosoka sapita kumaliro wopanda chitenje, ngakhale akhale maliro abodza).

Kumeneko zonse zinali zabodza: manda, matope, ngakhale mvula inkachokera m'mapaipi. Bambo wina wa wailesi m'manja anatipatsa maambulera n'kutiuza kuti tingooneka achisoni, koma pasamveke phokoso. Ine anandiika mzere wakumbuyo, kuseri kwa mzungu wamtali ngati mlongoti. Pamenepo Tadala akanandiona bwanji?

Poyeserera koyamba ndinasendera pang'onopang'ono mpaka ndinatulukira kutsogolo. "Madam, back please," anatero bambo uja. Ndinabwerera. Kachiwiri ndinatsitsa ambulera n'kuika manja onse kumutu, monga timachitira kwathu, kuti kamera ikaphonya nkhope ipeze zigongono. "Madam, hands down." Kenako ndinangotulutsa kamawu kakang'ono ka pakhosi, koma wojambula mawu anakamva n'kunditembenukira ndi diso lofiira. Mumtima ndinati ameneyu sakundidziwa.

Ndiye anatulukira mwiniwake wa filimu, gogo wa ku Japan uja. Kamayi kakafupi, kofika pa phewa langa, koyenda pang'onopang'ono. Anatiweramira tonse, ngakhale ife a mzere wakumbuyo. Mvula anaitsegula, kamera inayamba. Mayi uja anaima pafupi ndi bokosi la maliro yekhayekha. Sanalire, sanayankhule. Chibwano chokha ndi chimene chinkanjenjemera.

Abale anga, ndinaiwala kuti kuli kamera. Ndinangoona mayi wokalamba, mwamuna wake wafera kudziko la eni, waima pamvula popanda womugwira. Kwathu namfedwa saima yekha, amagwiridwa uku ndi uku. Ndinayang'ana anzanga aja, angoima ndi maambulera ngati akudikira basi, ndipo magazi anawira. Ndinasolola chitenje, kumanga m'chiuno, mzungu wamtali uja ndinamukankhira pambali.

"Mayo ine! Alamu anga ine! Amayiwa mwawasiyira yani kudziko la eni kuno?"

Ndinamukumbatira mayi uja m'chiuno, n'kukweza mawu monga ndinkachitira ku Ntcheu. Nsapato inaterera m'matope. Ndinagwa naye pamodzi, phazi langa n'kumenya bokosi. Linagubuduka n'kulira ngati ng'oma, chivundikiro uko, m'kati mulibe ngakhale nsanza.

"Cut!"

Mvula anaitseka. Bambo wa wailesi anandiperekeza kutenti, ndipo anthu onse anadikira nthawi yaitali kuti zovala za mayi uja ziume, tsitsi alikonzenso. Ndinakhala pa kampando, chitenje chili matope okhaokha, manyazi atandigwira mpaka m'mafupa. Chimene chinkandiwawa kwambiri chinali kuganizira nkhope ya Tadala akadzamva.

Kenako kunabwera mayi womasulira, akuti ndikufunidwa. Ndinati basi, apolisi afika. Koma ndinapeza gogo uja atafunda bulangeti, akumwa tiyi. Ndinagwada monga mwa mwambo n'kupepesa. Iye anayankhula motsitsa, womasulira n'kumandiuza.

"Akuti m'mafilimu aika m'manda amuna awo ambirimbiri, koma palibe amene anathamangapo kudzawagwira. Akufunsanso kuti manja munaika kumutu aja amatanthauza chiyani. Anakuonani ali m'tenti."

Ndinaganiza kaye. Ndinati kwathu manja akapita kumutu ndiye kuti palibenso choti agwire, zonse zatayika. Gogo uja anagwedeza mutu, n'kundiyang'ana nthawi yaitali. Ndinati mwina andiika kutsogolo.

"Akuti zikomo kwambiri," anatero womasulira. "Ndipo akupempha kuti mukhale m'tenti mpaka amalize."

Kunyumba Tadala atandifunsa ndinangoti zayenda. Amayi a kutchalitchi ndinawauza kuti mafilimu amachedwa kutuluka, ndikupemphera kuti aiwale. Koma chaka chotsatira mwana uja anabwera ndi matikiti awiri, ogula yekha monga ndinamulamulira. Ndinalowa naye m'holo ya kanema.

Gawo la maliro linafika. Mzungu wamtali analipo, anzanga onse analipo. Ine munalibe, ngakhale nsonga ya ambulera. Ndinatsegula pakamwa kuti ndiulule kwa Tadala zimene zinachitika. Nthawi yomweyo mayi uja, ali yekha pamvula, anasiya ambulera yake kuti igwe, n'kukweza manja onse awiri pang'onopang'ono mpaka kumutu.

Tadala anandigwira mkono mwamphamvu, n'kunong'oneza, m'Chichewa chenicheni:

"Amayi, manja ajatu ndi anu."

Ndinalira, ndipo kwa nthawi yoyamba m'moyo wanga ndinalira popanda phokoso. Za bokosi ndinamuuza tili m'basi, n'chifukwa chake mpaka lero sanasiye kuseka.

A kampani aja sanandichotse, angoti kumaliro ndisadzapondenso. Mwezi wamawa andipatsa ukwati. Akuti ndidzangokhala pa mpando n'kumamwetulira, pasamveke phokoso, ndipo ndavomera ndi mtima wonse. Koma tanenani inuyo, ukwati wopanda nthungululu ndi ukwati wanji? Ndikuyeserera m'bafa, moti aneba ayamba kale kugogoda khoma.